Mmene ndinakonzera liwiro la filimu yakale ya Super 8

Nditaika filimu yakale ya Super 8 (mtundu wa filimu ya makamera ang'onoang'ono akale) m'kompyuta, anthu onse ankayenda mothamanga ngati akuthawa mvula, moti ngakhale gogo wina woyendera ndodo ankaoneka wopupuluma. Ndinayesa kuchepetsa liwiro pogwiritsa ntchito Optical Flow, njira yomwe kompyuta imapeka zithunzi zatsopano pakati pa zomwe zilipo kale, koma manja a anthu ankapindika n'kumasiya zithunzithunzi.

Gwero la vutoli linali lakuti filimuyo inajambulidwa pa mafelemu (zithunzi) 18 pa sekondi, pomwe pulogalamu inkaiwerenga ngati ya 24. Mu DaVinci Resolve yaulere, pulogalamu yokonzera mafilimu yomwe ndinkagwiritsa ntchito, ndinatsegula Clip Attributes, pomwe pamasinthidwira chiwerengero cha mafelemu, n'kuikamo 18 ndisanayambe kudula filimuyo, chifukwa kusintha pambuyo pake kumasokoneza malo onse odulidwa kale. Kenaka, popeza filimu yomalizidwa inkafunikabe mafelemu 24 pa sekondi, ndinasankha njira ya Nearest m'malo mwa Optical Flow, kuti felemu yachitatu iliyonse izingobwerezedwa m'malo moti kompyuta izipeka zithunzi zomwe kamera sinajambule. Gogo uja tsopano akuyenda pang'onopang'ono ndi ndodo yake.