Kutsogolera phunziro la Chivumbulutso popanda kuopseza anthu

Akulu a mpingo anzanga kuno ku Angónia, mukapatsidwa phunziro la Chivumbulutso musathamangire ku 666. Yambani ndi kuwerenga mokweza mutu 1 mpaka 3, anthu atakhala phee. Bukuli ndi kalata yomwe inkawerengedwa mokweza m'mipingo isanu ndi iwiri ya ku Asiya, kumene lero ndi Turkey. Yohane, wolemba bukuli, anali pa chilumba cha Patmo, ndipo malinga ndi Irenaeus, mtsogoleri wa mpingo wakale, masomphenyawa anawaona kumapeto kwa ulamuliro wa Domitian, mfumu ya Roma, cha m'ma 95 AD. Funso loyamba likhale ili: Mkhristu wa ku Smurna, umodzi mwa mipingoyi, atamva mawuwa, anamvapo chiyani?

Pa mutu 13, wina atsegule Danieli 7. Kumeneko kuli mkango, chimbalangondo, nyalugwe ndi chilombo cha nyanga khumi, ndipo Danieli amauzidwa kuti zimenezi ndi maufumu. Yohane anaziphatikiza n'kukhala chilombo chimodzi. Kenaka muwerenge Chivumbulutso 17:9, za mapiri asanu ndi awiri. Panthawiyo palibe amene sankadziwa kuti mzinda wa pa mapiri asanu ndi awiri ndi Roma.

Ine pamene ndimakhalitsa ndi pa mutu 18. Katswiri wa Baibulo Richard Bauckham, m'buku lake la 1993 lotchedwa The Theology of the Book of Revelation, amasonyeza kuti Yohane ankadzudzula nkhanza za Roma pamodzi ndi chuma chake chodyera ena masuku pamutu. Werengani 18:12-13 pang'onopang'ono, katundu mmodzimmodzi: golide, siliva, minyanga ya njovu, vinyo, tirigu, ng'ombe, nkhosa, akavalo. Kumapeto kwenikweni, ziweto zitatchulidwa kale, m'pamene akutchula akapolo, miyoyo ya anthu. Imani pamenepo. Funsani gulu kuti m'malonda athu a fodya, a mbatata ya kachewere ku msika wa Ulongwe, ngakhale a malasha otuluka ku Moatize pa sitima, munthu wogwira ganyu timamuika pati. Musawayankhire. Amayi amene amalima ndi amene adzayankhe bwino kuposa inu.

Za 666 wina adzafunsabe, kawirikawiri mnyamata amene waonera kavidiyo pa WhatsApp. Muuzeni kuti kale zilembo zinkaimiranso manambala, ndipo akatswiri ambiri amati dzina la Nero Kaisara, mfumu ya Roma, likalembedwa m'Chihebri limakwana 666. Mipukutu ina yakale ili ndi 616 m'malo mwa 666. Akayamba kuwerengetsa tsiku la chimaliziro, mukumbutseni kuti ku America otsatira mlaliki William Miller anadikira pa 22 Okutobala 1844, otsatira mlaliki Harold Camping pa 21 Meyi 2011, kunja kunacha ngati masiku onse. Mupatseni Mateyu 24:36 awerenge yekha.

Pobwera mutenge Buku Lopatulika ndi Baibulo la Almeida lomwe, chifukwa achinyamata athu anaphunzira kuwerenga m'Chipwitikizi. Ndipo mutu umodzi pa sabata ndi wokwanira.