Musanagule kamera, tamvani mmene ndimapangira filimu kuno ku Chipata

Anyamata ndi atsikana ambiri akandipeza ku Kapata kapena ku Saturday Market amandifunsa funso limodzi lokha: "Achimwene, ndigule kamera yanji?" Ndimawayankha kuti asagule kaye. Ena amaona ngati ndikuwamana nzeru. Choncho ndati ndilembe zonse pano, monga mmene ndimachitira ineyo.

Filimu yanga yoyamba ndinaijambula ndi kamera yobwereka, yabwino kwambiri. Inali nkhani ya mayi ndi mwana wake wamwamuna amene akukanganirana ndalama za mtedza. Zithunzi zinatuluka zokongola, mapiri a Chipata akuoneka kumbuyo, dzuwa likulowa. Tsiku loonetsa mu holo ya tchalitchi chathu, agogo ena amene anakhala kutsogolo anatembenukira mdzukulu wawo n'kufunsa mokweza kuti, "Akuti chiyani?" Anafunsanso kachiwiri, kachitatu, kenako anangokhala chete n'kuyamba kuyang'ana pansi. Pamene tinkajambula, chigayo chinkalira kuseri kwa nyumba, koma ine makutu anga onse anali m'maso. Mawu a mayi uja, amene anali mtima wa filimu yonse, anamezedwa ndi chigayo. Zinandiwawa kwambiri, chifukwa mayiwo anasiya ntchito zawo masiku atatu kuti asewere.

Yambani ndi nkhani imene mungaifikire pa njinga. Anthu atatu, malo awiri, basi. Tsamba limodzi la sikiripiti limatenga pafupifupi mphindi imodzi pa kanema, ndiye lembani masamba khumi, musapitirire. Musalembe za mfuti, za ngozi ya galimoto kapena za nyumba ya bwana ya ku Lusaka imene simudzaloledwa kulowamo. Nkhani zili pompano: mnyamata wonyamula anthu pa njinga amene wasowetsa katundu wa mwini, mayi amene amapita ku Mwami, kumalire a Zambia ndi Malawi, kukaoda zinthu pomwe kunyumba kwatsala wodwala, mlimi amene akudikira ndalama za thonje mwana atathamangitsidwa kusukulu. Ndipo lembani m'chilankhulo chimene anthuwo amalankhuladi. Musalembe m'Chingerezi kuti mudzamasulire, zimamveka ngati munthu akuwerenga chikalata. Chichewa cha ku Katete si chimodzi ndi Chinyanja cha m'tauni, wa ku Petauke amalankhula Chinsenga, wa ku Lundazi Chitumbuka. Oonera amadziwa msanga ngati agogo a kumudzi mwawaika mawu a mwana wa ku Mchini, komboni ya m'tauni ya Chipata, m'kamwa. Mukalemba, sonkhanitsani osewera, awerenge mokweza. Pamene lilime lapunthwa, mawuwo ndi olakwika, asintheni.

Za ndalama ndinene mosabisa. Filimu sidzakudyetsani m'zaka zoyamba. Ine ndimadya za maukwati, ma kitchen party, chilanga mulilo, ndi makwaya ofuna kanema wa nyimbo zawo. Pa ntchito iliyonse ndimapatula kangachepe n'kusunga pa foni, pa nambala ina imene sindiikhudza. Ntchito zimenezi musazinyoze. Pa ukwati ndi pomwe ndinaphunzira kuima pamalo oyenera chinthu chisanachitike, poti mkwatibwi salowa m'tchalitchi kawiri. Mukayamba kukhazikika, kalembetseni dzina la bizinesi ku PACRA, ofesi ya boma yolembetsa mabizinesi, chifukwa mabungwe sapereka ntchito kwa munthu wopanda mapepala. Ndalama zimene mwasunga, zoyamba zipite ku chakudya ndi mayendedwe a anthu anu. Ngati simungathe kuwalipira, auzeni poyamba, koma nsima ndi ndiwo zisasowe, ndipo aliyense abwerere kwawo osatulutsa ya m'thumba mwake.

Tsopano nkhani imene ndimaiona yaikulu kuposa zonse: kupempha.

Musafike m'mudzi ndi kamera m'manja. Pitani kaye opanda chipangizo chilichonse, pamodzi ndi munthu wodziwika m'mudzimo. Kalonjereni anyakwawa, mutanyamula kanthu, shuga kapena nkhuku, monga mwa mwambo. Khalani pansi, dikirani akufunseni chimene mwadzera. Afotokozereni nkhani yonse, ngakhale mbali zimene mukuopa kuti akana. Ine ndinalakwitsa pamenepa. Pa filimu yanga yachiwiri panali mbali ya maliro. Kwa anyakwawa ndinangonena kuti tikujambula sewero la banja. M'mawa wake tinatsitsa bokosi lopanda kanthu pa ngolo, pakhomo pamene tinabwereka. Mayi wina amene ankachokera kumjigo anatula ndowa n'kuyamba kulira, poti pakhomopo panali bambo wokalamba amene ankadwaladwala. Posakhalitsa amayi ena anayamba kutuluka m'nyumba akumanga zitenje. Eni nyumba anakhumudwa, ndipo anali ndi chifukwa. Tinasiya kujambula, ndinakapepesa kwa anyakwawa ndi kwa banjalo, ndipo mbali ya maliroyo ndinaichotsa. Safunsa anadya phula. Masiku ano ndimapempha anyakwawa kuti alengeze kwa anthu tsiku lisanafike, ndipo bokosi sindibweretsanso pakhomo pa munthu. Maliro mungawaonetse ndi nsapato zambiri pakhomo, moto wa panja, ndi nyimbo yomveka chapatali.

Pa za miyambo samalani koposa. Kulamba imachitika ku Mkaika, ku Katete, kumapeto kwa Ogasiti, pamene Achewa a ku Zambia, Malawi ndi Mozambique amabwera kwa Kalonga Gawa Undi. Nc'wala ya Angoni imachitika ku Mtenguleni kumapeto kwa Febuluwale, pamaso pa Inkosi ya Makosi Mpezeni. Miyambo yonseyi ili ndi okonza ake, ndipo ndi iwo amene amanena pomwe wojambula angaime. Gule Wamkulu unalemekezedwa ndi UNESCO mu 2005, koma kutchuka kwake sikukupatsani ufulu wolondola gule kudambwe. Jambulani zimene zaonetsedwa pabwalo, mutaloledwa. Ndipo ndikupempheni, musaike gule mu filimu ngati chizindikiro cha ufiti kuti muopseze oonera. Ndi mwambo wa makolo a anthu amene akukudyetsani nsima. Aliyense wosewera asaine kapepala kovomera kuti nkhope yake ioneke, kolembedwa m'Chichewa, ndipo muwerengereni amene satha kuwerenga. Mwana amasainiridwa ndi kholo, ndipo khololo likhalepo pojambula. Drone, kandege kouluka ndi kamera, nayo ili ndi malamulo ake ku Civil Aviation Authority, bungwe loona za ndege, ndipo pafupi ndi malire a dziko kapena malo a asilikali musayerekeze kuiulutsa.

Tibwerere ku mawu. Ndalama yoyamba ya zipangizo gulani maikolofoni ndi mahedifoni. Maikolofoni ikhale pafupi ndi pakamwa pa wosewera. Ife timaimangirira kunsonga ya nsungwi yaitali, wina n'kuigwira pamwamba pa mitu, kunja kwa chithunzi. Ngati mulibe, ikani foni yachiwiri m'thumba la shati la wosewera kuti izijambula mawu. Musanayambe mbali iliyonse, wina aombe m'manja kamodzi pamaso pa kamera, kuti podzalumikiza mudzapeze pomwe mawu ndi chithunzi zikukumana. Pasankhidwe munthu mmodzi amene ntchito yake ndi kumvetsera basi, ndipo akhale ndi mphamvu yoimitsa zonse. Posankha malo, tsekani maso kwa mphindi ziwiri. Mudzamva chigayo, wailesi ya aneba, atambala, magalimoto a pa Great East Road. Funsani kuti chigayo chimayamba nthawi yanji. Nyumba ya malata nthawi ya mvula ndi yosatheka, ngakhale masana a dzuwa malata amathetheka. Ya udzu ndiyo imasunga mawu bwino. Mphepo ya mu Ogasiti imawononga kwambiri, choncho vekani maikolofoni kansalu ka ubweya. Mukamaliza pamalo, onse akhale chete, mujambule phokoso la malowo lokha kwa mphindi imodzi. Mudzalifuna potseka mipata.

Kamera? Foni imene muli nayo ikwanira filimu yoyamba. Igonekeni cham'mbali, pukutani galasi, zimitsani netiweki kuti isalire pakati pa ntchito, ndipo ikhazikeni pa tripod, choimikira kamera cha miyendo itatu, kapena pa thumba la chimanga. Ikani pa mafuremu 25 pa sekondi, kutanthauza zithunzi 25 pa sekondi iliyonse, chifukwa magetsi athu ndi a 50 Hz, ndipo mukaika pa 30 mababu ena amaphethira pa chithunzi. Kuwala muziyeza pa nkhope ya munthu. Foni mukaisiya yokha imatsatira kuwala kwa kumwamba, nkhope n'kuda bii. Dzuwa la masana limaika mithunzi m'maso, ndiye jambulani m'mawa kapena kuyambira 16 koloko. Masana lowani pansi pa mtengo wa mango, wina agwire chitenje choyera kuti chibwezere kuwala kunkhope. Miyezi imene ndimaikonda ndi Juni ndi Julayi: mvula kulibe, kumwamba kuli mbee, ndipo ambiri akolola. Kuyambira Novembala anthu ali m'minda, musawavutitse. Mabatire tchajani usiku uliwonse ndipo khalani ndi power bank kapena sola. Chilala cha 2024, madzi atachepa ku Kariba, chinatiphunzitsa tonse kuti magetsi angasowe maola ambiri pa tsiku.

Osewera abwino mudzawapeza m'magulu a zisudzo a kutchalitchi ndi kusukulu, koma anazolowera kusewerera holo yodzaza. Amakweza mawu, amatambasula manja, amatong'ola maso. Kamera ili pafupi, imaona ngakhale kumeza malovu. Musawauze kuti "lirani" kapena "kwiyani". Apatseni ntchito ya manja. Mayi uja wa filimu yoyamba, pomwe tinadzajambulanso mbali ija chaka chotsatira, ndinawapatsa lichero la mtedza kuti azisenda polankhula. Mwana wawo wa m'sewero atanena kuti ndalama anadya, iwo sanakuwe. Zala zinangoima, mtedza umodzi uli m'manja, kenako anauika pansi pang'onopang'ono. Imeneyo ndiyo mbali imene anthu amaikumbukira mpaka pano. Chinanso chaching'ono: zovala za m'filimu muzisunga inuyo m'chikwama, ndipo jambulani chithunzi cha aliyense tsiku loyamba, kuopa kuti mawa wina abwera atameta.

Madzulo aliwonse koperani zonse m'malo awiri, pa kompyuta ndi pa hard drive, musanafufute kanthu pa khadi. Polumikiza zimene mwajambula, pulogalamu ya DaVinci Resolve ili ndi mtundu waulere ngati kompyuta yanu ili ndi mphamvu, apo ayi CapCut pa foni imagwira. Dulani mopanda chisoni. Munthu akutsegula chitseko, kulowa, kukhala pansi, kupereka moni wonse, zimenezo oonera amazidziwa kale. Siyani moni pokhapo pamene muli kanthu, monga pamene mpongozi akuyankha mozizira. Nyimbo za oimba otchuka musangotenga, zili ndi eni ake, ndipo ZAMCOPS, bungwe loteteza umwini wa nyimbo, lilipo chifukwa cha zimenezo. YouTube nayo imatha kutseka kanema wanu. Pemphani kwaya ya kwanu kapena mnyamata wa gitala, mulembe pangano. Ikaninso mawu a Chingerezi pansi pa chithunzi ngati mukufuna kutumiza ku mipikisano ya mafilimu kudzera pa webusaiti ya FilmFreeway kapena kuyesa mwayi ku tchanelo ya TV ya Zambezi Magic. Musaope kuti chilankhulo chathu chikutsekerani njira. Rungano Nyoni, wobadwira ku Lusaka, anajambula filimu yotchedwa I Am Not a Witch kuno ku Zambia, anthu akulankhula zilankhulo zathu, mwana amene anali asanasewerepo mu filimu ali patsogolo, ndipo mu 2018 analandira mphoto ya BAFTA, mphoto yaikulu ya mafilimu ya ku Britain.

Koma musanatumize kulikonse, bwererani kumudzi kumene munajambula. Ine ndimabwereka projekita ndi jenereta, ndimanyamula nsalu yoyera ya pabedi ndi chingwe chachitali kuti jenereta ikhale kutali. Timamanga nsaluyo pakati pa mitengo iwiri pabwalo la anyakwawa, iwo timawaikira mpando kutsogolo, ana amakhala pansi, amayi mbali iyi, abambo mbali iyo. Sipika yesani kukadali kowala, ndipo imani kumbuyo kwenikweni mumve ngati mawu akufika. Filimu ikayamba musayang'ane nsalu, yang'anani anthu, kabuku kali m'manja. Lembani pomwe aseka, pomwe ayamba kucheza okhaokha, pomwe wina wafunsa mnzake kuti akuti chiyani. Mawa lake tsegulani kompyuta, mukonze malo amenewo, kenako muike pa Facebook ndi pa YouTube.