Kuyeretsa chithunzi cha penti osachiwononga

Chithunzi chojambula ndi penti chikakhala pakhoma zaka zambiri chimayamba kuda, mitundu ija imazilala, pomwe panali buluu pamaoneka mobiriwira, ndiye mtima umangokuuza kuti tenga kansalu konyowa upukute basi. Chonde musatero. Chimene chimandiwawa ine n'chakuti zithunzi zambirimbiri zimawonongeka m'manja mwa anthu ozikonda, anthu oti amafuna kuzithandiza. Penti akangochoka wachoka, simungamubwezerenso.

Poyamba mudziwe kuti chimene mukuonacho ndi zinthu zosanjikizana. Pansi pali nsalu kapena thabwa, kenako choyera chija wojambula amayamba wapaka kuti pasalale, chimene kale ankapanga ndi choko ndi guluu wa zikopa za nyama, kenako penti weniweniyo, mwina wopaka kangapo, pamwamba pake vanishi, ndiye pamwamba pa vanishi m'pamene pali fumbi, mwaye, utsi wa fodya ndi timadontho ta ntchentche. Ntchito yonse yagona pa kudziwa kuti mwa zonsezi ndikuchotsa chiti ndipo ndikusiya chiti. Kuchotsa litsiro la pamwamba ndi nkhani ina, kuchotsa vanishi ndi nkhani inanso, ndipo yachiwiriyi si yopangira pakhomo ayi.

Musanakhudze kalikonse, yang'anani kaye, ndipo muyang'anitsitse. Jambulani ndi foni kutsogolo ndi kumbuyo komwe. Kenako zimitsani magetsi, tengani tochi muwalitse cham'mbali kuti kuwala kuzingokwawa pamwamba pa chithunzicho, mudzadabwa kuona ming'alu ndi malo otukumuka omwe masana simumawaona n'komwe. Mukapeza poti penti wadzuka ngati mamba a nsomba, imani pomwepo, ngakhale bulashi isafikepo. Chigonekeni chagada pamalo osalala, tizidutswa tomwe tagwa musungire mu envelopu ndipo mulembe pomwe tachoka, akatswiri amatha kutimatanso ndi guluu wofewa kwambiri, wina amachokera ku nsomba yotchedwa sturgeon.

Ngati mungapeze tochi ya UV, yotulutsa cheza cha ultraviolet chosaoneka ndi maso, ndiye bwino kwambiri, koma muvale magalasi otchinga UV. Mumdima vanishi wakale wa utomoni wa mitengo, monga dammar ndi mastic, amawala mobiriwira, pomwe malo amene wina anadzapakapo penti pambuyo pake amaoneka ngati zigamba zakuda. Apo ndiye mumadziwa kuti chithunzichi chinadutsa kale m'manja mwa munthu. M'malabu amapita patali kuposa apa, kamera ya infrared, cheza chinanso chosaoneka ndi maso, imaonetsa mizere yomwe wojambula anayamba walemba pansi pa penti, X-ray imaonetsa pomwe pali penti woyera wa mtovu poti mtovu sulola cheza kudutsa, ndipo amatha kudula kachidutswa kochepa kuposa mutu wa phini n'kukaona pa maikulosikopu kuti awerenge zosanjikizana zija chimodzichimodzi. Taganizani, ku Rijksmuseum, nyumba yosungira zakale ya ku Amsterdam, anayamba kufufuza chithunzi cha Rembrandt cha mu 1642 chija amati Night Watch mu 2019, koma vanishi anayamba kumuchotsa mu 2024. Zaka zisanu akungoyeza! Ndipo dzina la usikulo linabwera chifukwa choti chinada ndi vanishi wakale, si kuti Rembrandt anajambula za usiku.

Chinanso, dziwani mtundu wa penti. Ngati ndi penti wa madzi wa papepala, kapena pastel, choko cha mitundu chija, kapena makala, madzi asayandikire, ndipo pastel ndi makala ngakhale bulashi imachotsa chithunzi chenichenicho, zimenezo zisiyeni kuseri kwa galasi. Zimene ndikunena apazi ndi za penti wa mafuta ndi wa akiliki (acrylic) amene ali wolimba bwinobwino.

Yambani ndi zouma. Bulashi yofewa kwambiri, yatsopano, yoti sinakhudzepo penti, muzisesa pang'onopang'ono kuchokera pamwamba kutsika. Ngati muli ndi makina oyamwa fumbi, mangani kansalu kopyapyala kukamwa kwake ndipo muwagwire chapatali kuti azingolandira fumbi lomwe bulashi yadzutsa, asakhudze chithunzi. Kansalu kopukutira kapena nthenga ayi, zimakola m'ming'alu n'kuzula penti. Kumbuyo musaiwaleko, pakati pa nsalu ndi thabwa la m'munsi pamadzaza fumbi ndi zinyalala zomwe zimasunga chinyezi n'kumatukumula nsalu kutsogolo. Kunena zoona, zithunzi zambiri apa m'pokwanira, mukhoza kulekera pomwepa.

Ngati litsiro lakanirira pa penti wa mafuta ndiye pamabwera zonyowa, ndipo apa ndikupemphani mudekhe. Kulungani thonje pakamtengo kakang'ono, nyowetsani ndi madzi oyeretsedwa opanda mchere otchedwa distilled, osati a pampopi chifukwa amasiya mchere, finyani papepala mpaka thonjelo lingokhala lachinyezi, osati lodontha. Yesani kaye pakamalo kakang'ono m'mphepete pomwe fulemu imabisa. Musakhule, muzingogubuduza thonjelo mopepuka, kenako mulione. Likatuluka lotuwa kapena lodera ndiye litsiro limenelo. Likatuluka ndi mtundu wa pamalopo, kaya kufiira pang'ono chabe, mwayamba kuchotsa penti, siyani. Dikirani paume muone, pakachita mbuu ngati chifunga ndiye kuti madzi alowa mu vanishi kapena mu penti, siyaninso. Ndipo musamati poti pa zoyera zayenda bwino ndiye paliponse ziyenda, mtundu uliwonse muuyese paokha, penti woyera wa mtovu amakhala wolimba koma mitundu yakuda ndi ija yopaka mopyapyala ndi imene imachoka msanga. Thonje likada sinthani, musamazungulire nalo litsiro. Pomwe pali ming'alu yotseguka madzi amalowa mpaka pansi, guluu uja amafufuma, nsalu imakhwinyata, penti n'kuyamba kugwa patapita masiku inu mutaiwala kale.

Mwina munamvapo zoti akatswiri amagwiritsa ntchito malovu, ndi zoona ndithu. M'malovu muli amylase, chinthu chothandiza kugaya chakudya chomwe chimathandizanso kuchotsa litsiro, ndipo ofufuza a ku Portugal anasindikiza zotsatira zake mu 1990, ntchito yomwe inadzalandira mphotho ya Ig Nobel, yomwe amapereka pa kafukufuku woseketsa koma wopatsa maganizo, mu 2018. Koma samalani, thonje lomwe lakhudza chithunzi lisabwererenso mkamwa, penti wakale muli mtovu, mercury, cadmium, wobiriwira wina mpaka arsenic. Mukatha mudutsepo ndi thonje la madzi a distilled.

Nanga sopo bwanji? Nkhani yake ndi pH, muyeso wosonyeza ngati madzi apendekera ku asidi (manambala otsika) kapena ku soda (manambala okwera). Poyeretsa penti wa mafuta akatswiri amasunga pH ya madzi awo pakati pa 5.5 ndi 8.5, kupitirira apo madziwo amayamba kudya mafuta omwe agwira penti, monga mmene mafuta amasandukira sopo. Sopo wochapira, ammonia ndi bulichi zili pamwamba pa malire amenewa, ndipo zotsalira za sopo zimakhala m'ming'alu n'kumapitiriza kugwira ntchito. Mafuta opaka kuti chiwale nawonso ayi, tsiku loyamba chimakongola, kenako amachita chikasu, amakoka fumbi, ena amauma n'kulumikizana ndi penti moti kuwachotsa kumakhala kosatheka. M'zaka za m'ma 1980 Richard Wolbers wa ku University of Delaware anabweretsa njira yoika madzi ndi mankhwala mu jelo, kuti zikhale pamwamba pomwe pali litsiro osalowerera pansi, ndipo pH yake amachita kuikonza malinga ndi chithunzicho. Apa m'pomwe muone kusiyana kwa kupukuta ndi kuyeretsa mwasayansi.

Akiliki ambiri amamuyesa wolimba poti ndi pulasitiki, koma ndi wofewa, kukatentha amanyata ndipo fumbi limamira mkati mwake, madzi amamufufumitsa, sipiriti ndi acetone zimamusungunula. Kwa ameneyu bulashi youma ndi yokwanira.

Za vanishi wachikasu ndanena kale kuti si za pakhomo, ndipo ndikubwereza dala. Mankhwala omwe amasungunula vanishi ndi omwewo amafewetsa penti, malire ake ndi ochepetsetsa, ndipo ojambula ena ankasakaniza utomoni womwewo mu penti wawo, ndiye ukamachotsa vanishi umachotsera limodzi mithunzi ya nkhope. Ngakhale akatswiri amakangana. Ntchito yoyeretsa zojambula za Michelangelo mu tchalitchi cha Sistine Chapel ku Vatican inayenda kuyambira 1980 mpaka 1994, mitundu inatuluka yowala modabwitsa, koma ena mpaka lero amati pamodzi ndi mwaye panachokanso mithunzi yomwe mwiniwake anaika. Ku Borja ku Spain mu 2012 munthu wa mtima wabwino anafuna kukonza chithunzi cha Yesu chapakhoma la tchalitchi n'kuphimba nkhope yonse ndi penti wake, dziko lonse linaseka koma ine zimandimvetsa chisoni, munthuyo ankachikonda chithunzicho. Katswiri weniweni amapaka pokhapo pomwe penti wasowa, osadutsa pa penti wa mwiniwake, amasankha zinthu zoti wina adzathe kuchotsa mtsogolo monga utomoni wopangidwa ndi anthu wotchedwa Paraloid B-72, ndipo amalemba zonse zomwe wachita. Mukamapereka chithunzi chanu kwa munthu mufunseni zimenezi, mufunsenso ngati ayamba wayesa pakamalo kakang'ono.

Mukachibwezera pakhoma sankhani malo. Dzuwa lisachiwombe, chisakhale pamwamba pa moto, pafupi ndi pophikira kapena bafa, kapena pakhoma lomwe limachita chinyontho. Malo osungira zakale ambiri amafuna chinyezi cha mumpweya chikhale pakati pa 40 ndi 60 peresenti, ndipo choopsa kwambiri ndi kusinthasintha kwadzidzidzi, poti thabwa ndi nsalu zimafufuma n'kukhwinyata pomwe penti wakale sangatambasuke nazo. Kuwala amakuyeza mu lux, pafupifupi 200 pa penti wa mafuta, 50 yokha pa za papepala. Kumbuyo kwa fulemu khomanipo bolodi yopyapyala yopanda asidi kuti fumbi ndi tizilombo zisalowe, ponyamula gwirani m'mbali ndi manja awiri zala zisakhudze penti, ndipo ngati chithunzi cha mafutacho ndi chatsopano musathamangire kupaka vanishi, chidikireni miyezi 6 mpaka 12 kuti penti aume mpaka mkati.