Dolphin ikakana kutsegula sftp://, yambani mwaona kio-extras

Kwa inu amene mumagwiritsa ntchito KDE Plasma pa Linux: mukalemba sftp:// kapena smb:// (njira zofikira mafayilo a pakompyuta ina) pamwamba pa Dolphin, pulogalamu yoonera mafayilo, iyo n'kukuuzani kuti njirayo siikuidziwa, musathamangire kuikanso sisitimu yonse. Kawirikawiri chasowa ndi kafayilo kamodzi basi.

Dolphin payokha sidziwa kulankhula ndi seva. Ntchitoyo ndi ya KIO, gawo la KDE lofikitsa mapulogalamu ku mafayilo, ndipo njira iliyonse ili ndi laibulale yakeyake, kafayilo kothera ndi .so, monga sftp.so ndi smb.so. Mukalemba adiresi, KIO imayang'ana mawu ali kutsogolo kwa timadontho tiwiri tija, n'kudzutsa fayilo yogwirizana nawo. Za sftp, smb, fish, ngakhalenso mtp yotsegulira mafoni a Android, zonse zimabwera m'phukusi la kio-extras. Liikeni kuchokera m'nkhokwe ya mapulogalamu ya Linux yanuyo, mutseke Dolphin, mutsegulenso.

Chimene sindingakulangizeni ndi kukopera fayilo ya .so pakompyuta ya mnzanu, kaya kuitola pa intaneti. Plasma 6, yomwe inatuluka mu February 2024, imafuna mafayilo a mu foda ya kf6/kio, opangidwira Qt 6, maziko amene Plasma 6 inamangidwapo. Akale a mu kf5/kio sawazindikira n'komwe, olo muwakakamize. Komanso fayilo yotere ikadzuka imakhala ndi mphamvu zonse za akaunti yanu, ndipo mawu achinsinsi a seva amadutsa mwa iyo.

Ngati Dolphin ikuona mafayilo a pa seva koma pulogalamu yosakhala ya KDE ikukana kuwatsegula, imeneyo ndi nkhani ina: ikani phukusi lina, la kio-fuse, lomwe limathandiza mapulogalamu otere kutsegula mafayilowo.