Galimoto ikamagogoda kumbuyo: kuzindikira ndi kusintha control arm yotha

Mvula ikamatha mu April, misewu ya m'makwalala ku Area 25, Chinsapo, Mtandire ndi Area 36 mu Lilongwe imakhala itakumbika, ndipo m'pamene galimoto zambiri zimayamba kugogoda kumbuyo. Eni ake amathamangira kugula ma shock atsopano, koma patangopita tsiku limodzi phokoso lija labwerera. Kawirikawiri cholakwika chimakhala control arm, chitsulo chomwe chimagwira tayala ngati mkono. Nsonga ina imamangidwa ku thupi la galimoto, inayo ku chitsulo chonyamula habu, ndipo kunsonga zonse ziwiri kuli mabushi, timphete ta labala tomwe bawuti imadutsamo, kapena ball joint (cholumikizira chokhala ndi kampira kachitsulo) pa galimoto zina. Chitsulo chenichenicho sichitha wamba. Chimatha ndi labala: dzuwa limaiumitsa, fumbi ndi matope zimaipera, mafuta akaidonthera imafewa, kenako imang'aluka. Chitsulocho chimangopindika mukamenya dzenje mwamphamvu kapena wina akakhomeka jeke pansi pake.

Musanagule kanthu, suzumirani pansi muone ngati galimoto yanu ili nayo n'komwe mikono imeneyi. Galimoto zing'onozing'ono zambiri zochokera ku Japan, monga Vitz, Passo, Fit, Demio ndi Tiida, kumbuyo kwake kuli mtanda umodzi wachitsulo wolumikiza matayala onse awiri, ndipo umagwidwa ndi mabushi awiri akuluakulu basi. Hilux ili ndi masipuling'i a zitsulo zosanjikizana. Zomwe tikukamba pano ndi RAV4, X-Trail, CR-V, Forester, Mark X, Mercedes C-Class, BMW 3 Series ndi zinzake, zomwe tayala lililonse lam'mbuyo limayenda palokha, logwidwa ndi mikono itatu, inayi kapena isanu.

Zizindikiro zake

Choyamba ndi phokoso. Bushi yotha imalira mogontha, "gu! gu!", makamaka mukamadutsa hampu pang'onopang'ono, mukamanyamuka, kapena mukasintha giya kuchoka kutsogolo kupita livesi. Labala youma koma yosang'aluka imalira ngati chitseko chakale. Kachitsulo kolumikiza stabiliser, ndodo yachitsulo yochepetsa kupendama kwa galimoto pa kona, nako kamagogoda, koma kulira kwake n'kopepuka ndi kofulumira, kumamveka kwambiri pa msewu wa miyala. Beyaling'i yotha sigogoda, imang'ung'uza, ndipo kung'ung'uzako kumakula ndi liwiro. Chotsaninso jeke, sipanala ndi tayala la sipeya m'buti, mugwedeze ekizozi ndi dzanja itazizira, kuti musavutike n'kusakasaka phokoso lomwe silichokera ku mikono.

Chachiwiri ndi mayendedwe. Pa M1, mukamathamanga 80 kapena 100, mumamva ngati kumbuyo kukudziwongolera kokha: mukaponda moto galimoto ikukhotera kwina, mukausiya ikubwerera. N'chifukwa chakuti tayala layamba kusewera pamalo pake. Pa phula lonyowa zimenezi n'zoopsa, ndipo galimoto yotere siyoyenera kupita nayo ulendo wa ku Dedza kapena ku Kasungu musanaikonze.

Chachitatu ndi tayala lenileni. Imani kumbuyo kwa galimoto pa malo osalala, patali mamita asanu, muyerekeze matayala awiriwo. Ngati limodzi lapendekera mkati kumwamba kwake kuposa linzake, mkono wam'mwamba wapindika kapena mabushi ake aphwanyika. Pisani dzanja mupapase mphepete yamkati. Mukapeza mkati mwatha pomwe kunja kudakali mano, kapena mano akuthwa mbali imodzi ngati sowo, tayalalo lakhala likukwekwerezeka cham'mbali.

Kupeza mkono wolakwika

Imikani galimoto pa simenti kapena pa nthaka youma yosalala. Ikani giya yoyamba kapena P, tsekerani matayala akutsogolo ndi matabwa kutsogolo ndi kumbuyo kwake, chifukwa handibuleki imagwira matayala am'mbuyo okha, omwe mukuwanyamulawo. Masulani pang'ono manati a tayala lisanachoke pansi, kwezani ndi jeke, kenako khazikani galimoto pa masitandi achitsulo. Njerwa ndi mabuloko a simenti zimaphwanyika mosachenjeza, ndipo jeke yokha sitchinjiriza munthu. Tayala lomwe mwachotsa ligonekeni pansi pa thupi la galimoto ngati chitetezo chachiwiri.

Koma musanalichotse, limbitsaninso manati ake kuti lisasewere pa habu, ligwireni kumwamba ndi kunsi muligwedeze mwamphamvu, kenako kumanja ndi kumanzere. Mnzanu agone pambali ndi tochi aone chomwe chikusuntha. Kusewera kofanana mbali zonse, komwe kumasiya wina akaponda buleki, ndi beyaling'i. Kukapitirira buleki itapondedwa, ndi bushi kapena ball joint. Tsono tengani chitsulo chotsegulira matayala, muchilowetse pakati pa nsonga ya mkono ndi pomwe wamangidwa, mukankhe. Bushi yabwino imapindika pang'ono n'kubwerera yokha. Yotha imasuntha momasuka, nthawi zina mpaka chitsulo kugunda chinzake. Timing'alu tating'ono pamwamba pa labala ndi ukalamba chabe. Chodetsa nkhawa ndi mng'alu wozama, labala yosiyana ndi kapaipi kake kapakati, kafumbi kofiira ka dzimbiri kozungulira bawuti, kapena malo owala pomwe zitsulo zakhala zikupekesana. Chitani chimodzimodzi bushi iliyonse, mbali zonse ziwiri za galimoto. Ngati mukukayika kuti mkono wapindika, yezani ndi tepi kuchokera pakati pa bawuti ina kufika pakati pa inzake, muyerekeze ndi mkono wa mbali inayo.

Kugula

Pitani ndi nambala ya chasisi, osati dzina la galimoto lokha. X-Trail T30 ndi T31 kumbuyo kwake n'kosiyaniratu, ndipo galimoto imodzimodzi ya 2WD ndi ya 4WD imatha kukhala ndi mikono yosiyana. Ku Malangalanga kapena ku Biwi, njira yosasokoneza ndi kunyamula mkono wakalewo n'kuugoneka pambali pa watsopano: kutalika, kukhota kwake, kukula kwa mabowo ndi timakutu tomangirapo waya wa ABS zifanane. Mikono ina ya kumanja silowa kumanzere.

Mkono wochotsedwa ku galimoto ina ndi wotchipa, koma labala yake imatha kukhala yokalamba ngati yanuyo, choncho ipindeni ndi chitsulo pomwepo musanapereke ndalama. Ngati mkono wanu ndi wowongoka ndi wopanda dzimbiri, mutha kungosintha mabushi okha, bola alowetsedwe ndi pulesi. Nyundo imapinda chigoba cha bushi ndi kukuza bowo la mkono. Mabushi ena ali ndi timipata mu labala, ndipo timipatato tiyenera kuloza komwe takale tinaloza, ndiye lembani chizindikiro musanatulutse yakaleyo. Mabushi osema ku tayala lakale akhoza kukufikitsani kunyumba, koma alibe kapaipi komatidwa ku labala, amapera bawuti, ndipo alayimenti (kuwongoka kwa matayala) sikhazikika. Mkono wopindika usawongoledwe ndi moto kapena kuwotcherera, makamaka wa aluminiyamu, chifukwa umadzathyoka galimoto ili pa liwiro. Bushi ya mbali imodzi ikatha ndi ukalamba, inzake ili m'njira, ndipo n'kwanzeru kusintha zonse ziwiri kuti mulipire alayimenti kamodzi.

Zida zofunika ndi masoketi ndi masipanala a 14, 17, 19 ndi 21 pa galimoto za ku Japan, pomwe za ku Germany zimafunanso 16, 18 ndi makiyi a Torx. Pakhalenso chogwirira chachitali chomasulira mabawuti olimba, torque wrench (sipanala yoyeza kulimba kwa nati), jeke yachiwiri ya matayala, bulashi ya waya, mafuta omasulira dzimbiri monga WD-40, penti yoyera kapena cholembera, ndi sowo yodulira zitsulo.

Kuchotsa mkono wakale

Tsukani matope, palani mabawuti ndi bulashi, muwathire mafuta dzulo lake ngati n'kotheka. Galimoto idakali pansi, yezani kuchokera pakati pa habu kufika m'mphepete mwa madigadi, mulembe nambalayo. Idzafunika kumapeto. Jambulaninso ndi foni momwe mabawuti alowera, chifukwa ena akalowa chozondoka amakhula tanki kapena paipi ya buleki.

Yang'anani bawuti ya kunsonga yamkati. Ngati ili ndi wochala yaikulu yokhala ndi timizere, yomwe bowo lake silili pakati, imeneyo ndi yosinthira alayimenti. Lembani mzere wa penti kuchokera pa wochala kufika pa thupi la galimoto, ndipo pomasula gwirani mutu wa bawuti, muzungulitse nati yokha. Masulani waya wa ABS, chingwe cha handibuleki ndi kachitsulo ka stabiliser ngati zamangidwa ku mkonowo. Galimoto zina zili ndi kandodo kakang'ono ka sensa yoweramitsa nyali zakutsogolo, kapulasitiki, kosachedwa kuthyoka.

Apa pafunika kudekha. Pa galimoto zambiri sipuling'i imakhala pamwamba pa mkono wam'munsi, itapanikizika ngakhale tayala lili m'mwamba. Mukangosolola bawuti, imafwamphuka ndi mphamvu yothyola dzanja kapena nsagwada. Ikani jeke yachiwiri pansi pa nsonga yakunja ya mkonowo, kwezani pang'ono mpaka bawuti ipepuke, isololeni, kenako tsitsani jeke pang'onopang'ono mpaka sipuling'i imasuke yokha, inu mutaima pambali. Onani pomwe nsonga yake imakhala pa kampando ka labala kuti mudzaibwezere pomwepo. Ngati mukusintha mkono wam'mwamba kapena wa alayimenti, womwe sunyamula sipuling'i, jeke ikhalebe pansi pa habu kuti paipi ya buleki isakokeke.

Vuto lomwe limadya tsiku lonse ndi bawuti yomwe yamatirira ku kapaipi ka mkati mwa bushi chifukwa cha dzimbiri. Mumaizindikira chonchi: nati yachoka, bawuti ikazungulira ikubwerera ngati mpira, koma kutuluka ayi. Bwezeranipo nati kunsonga, muimenye pang'ono, muthirenso mafuta. Ikakanabe, musalimbane nayo ndi nyundo yaikulu chifukwa mupinda timakutu ta thupi la galimoto. Iduleni ndi sowo mbali zonse ziwiri za bushi, mumpata wa pakati pa bushi ndi khutu. Gasi wowotcherera asafike pamenepo, tanki ya mafuta ndi mapaipi ake zili pafupi. Bawuti yolowa m'malo mwake ikhale ya galimotoyo, kapena yofanana kutalika, mazinga ndi kulimba. Nambala ili pamutu pake, ndipo pomwe panali 10.9 pasalowe 8.8 ya ku hadiweya.

Kumanga watsopano

Palani dzimbiri m'timakutu, pakani girizi pang'ono pa thunthu la bawuti, osati pa mazinga ake ndiponso osati pa labala. Lowetsani nsonga yamkati poyamba, kenako bwezerani sipuling'i, kwezani ndi jeke mpaka mabowo akunja ayang'anizane. Akasemphana pang'ono, akokeni ndi sikuludilaiva yaikulu, bawuti ilowe ndi dzanja. Wochala ya alayimenti ibwerere pa mzere wa penti uja. Manati onse muwamange ndi dzanja basi.

Musawalimbitse tayala likulendewera. Apa m'pomwe ntchito zambiri zimawonongekera, ngakhale zogwiridwa ndi zida zabwino. Bushi ya labala sizungulira pa bawuti. Kapaipi kapakati kamapanidwa zolimba, chigoba chakunja chagwira mkono, ndipo mkono ukamakwera ndi kutsika labala ndiyo imapotokola. Mukalimbitsa mkono utalendewera pansi, galimoto ikatsika labala imakhala yopotoka kale itangoima, ndiye hampu iliyonse imaipotola kupitirira malire ake. Bushi yoti ikhale zaka imang'aluka m'miyezi yowerengeka, mwini wake n'kumanena kuti anamugulitsa sipeya yachinyengo. Tsono kwezani habu ndi jeke mpaka muyeso munalemba uja ukwane, muyang'anitsitse kuti galimoto isanyamuke pa sitandi, ndipo limbitsani pamenepo. Komwe kuli dzenje la galaji n'kosavuta: vekani tayala, tsitsani galimoto, igwedezeni kangapo ikhazikike, mulimbitse muli kunsi.

Mabawuti ambiri a mikono amafuna pakati pa 80 ndi 150 Nm (muyeso wa pa torque wrench), koma iliyonse ili ndi nambala yake m'buku la galimotoyo, ndipo imeneyo ndiyo yotsatira. Kulumphira pa paipi kumatambasula bawuti. Nati yodzitsekera yokha yomwe ikulowa mopepuka ndi zala yatha ntchito, ikani ina. Galimoto zina za ku Germany zimafuna mabawuti atsopano nthawi iliyonse mukamasula. Bwezerani waya wa ABS m'timakutu take tonse, kuti usakhule tayala. Manati a tayala pa Toyota zing'onozing'ono zambiri ndi 103 Nm, omangidwa modumphitsa, osati motsatizana.

Penti ija imangokufikitsani ku makina a alayimenti. Mkono watsopano sufanana ndendende ndi wakale wotha, ndipo kusiyana kwa mamilimita atatu okha kumayamba kudya tayala. Pitani tsiku lomwelo, matayala atapopedwa bwino, buti ili yopanda katundu, ndipo nenani kuti mukufuna alayimenti ya matayala onse anayi, kuyambira kumbuyo. Akangokonza kutsogolo kokha, chiwongolero chimakhala chokhota ndipo galimoto imayenda cham'mbali ngati nkhanu. Ngati makina akusonyeza kuti tayala likadali lopendekera wochala itafika kumapeto, pali chinanso chopindika, kawirikawiri chitsulo chonyamula habu kapena mtanda womwe mikono yamangidwapo. Mukayenda makilomita 100, suzumiraninso ndi tochi, muyese nati iliyonse ndi torque wrench, mupapasenso mphepete yamkati ya tayala.