Kuteteza mbalame za ku dambo la Elephant Marsh m'chigwa cha Shire: poyambira pake

Yambani ndi alenje enieniwo, musawaitanire ku bwalo ngati olakwa. Ndiwo amadziwa pomwe atsekwe amaikira mazira, komanso mabango omwe anamzeze ochokera ku Ulaya amagonamo kuyambira Okutobala mpaka Malichi kapena Epulo. Akwere bwato ndi anyakwawa, akazike mitengo m'malire a malo oletsedwa.

Malamulo akhale ochepa: osatola mazira, osatchera ulimbo kapena ukonde pogona mbalame, osatentha bango lokhala ndi zisa. Tameki, poizoni uja ena amathira mumpunga pophera mbalame, aletsedwe kotheratu. Mpunga wothira poizoni umapha gulu lonse usiku umodzi, ndipo nyamayo imathera pamsika.

Pomwe midzi yambiri imagwa mpa ndiwo. Mukaletsa kusaka osapereka china, misampha imabwerera njala ikafika mu Januwale. Choncho nkhanga, abakha kapena dimba la nyemba ziyambe chiletso chisanayambe. Midzi yoyandikana ilowemonso, apo ayi alenje angosamukira tsidya.

Damboli linalowa m'ndandanda wa Ramsar, pangano la maiko loteteza madambo, mu 2017, ndiye malamulo anuwo kawaonetseni ku nthambi yoona za nyama zakutchire. Chindapusa chilembedwe m'buku, msungichuma aziliwerenga pamsonkhano.