Njira yochoka pa benchi mpaka kukhala kochi, monga amachitira ma catcher a baseball

Anyamata amene ndimawaphunzitsa mpira ku Chibavi akangoikidwa pa benchi amakwinya nkhope, ena mawa lake sabweranso. Zimandipweteka, chifukwa ndikudziwa kumene benchi yafikitsa ma catcher achiwiri a baseball ku America.

Catcher ndi uja amanjuta kumbuyo kwa womenya mpira, atavala chotchinga kumaso ndi pachifuwa. Iyeyo ndiye amauza woponya mtundu wa mpira woti aponye. Mu MLB, ligi yaikulu ya baseball ku America, timu imasewera masewero 162 pa chaka, ndipo palibe mawondo angapirire kunjuta onsewo, n'chifukwa chake timu iliyonse imasunga wachiwiri. Ameneyu nthawi zambiri amangokhala chete kuonerera, ngati goloboyi wachiwiri kwathu kuno.

Yambani ndi maso. Tsiku limene simukusewera, musamangotsatira mpira kumene ukupita. Sankhani mdani mmodzi, muone chimene chimamuvuta, mulembe m'kope. Catcher wachiwiri amakhala nawo pa zokambirana za oponya, amadziwa womenya amene amalephera mpira wotsika ndi amene amapupuluma. Bruce Bochy, amene anali catcher wachiwiri, anasewera masewero 358 okha pakati pa 1978 ndi 1987, ku Houston, New York Mets ndi San Diego. Atakhala kochi anatenga chikho cha World Series kanayi: 2010, 2012 ndi 2014 ndi San Francisco Giants, 2023 ndi Texas Rangers.

Kenako pezani mnzanu mmodzi amene mungamudziwe mpaka mumtima. Apa ndi pamene ndimalimbikira kwambiri. David Ross, catcher wachiwiri, ankagwira mipira ya woponya Jon Lester ku Boston, ndipo awiriwa anapezekanso limodzi ku Chicago Cubs mu 2015. Lester ankavutika kuponya mpira ku first base, malo oyamba amene womenya amathamangirako akamenya mpira, ndiye Ross ankathandiza kuletsa adani kuthamangira malo otsatira mozemba, ankadziwanso nthawi yomudzudzula ndi nthawi yomusiya. Kevin Cash, nayenso catcher wachiwiri ku Boston, mu 2008 anapatsidwa ntchito imene ambiri ankaiopa, yogwira knuckleball ya Tim Wakefield, mpira wopita mozembazemba osazungulira. Inunso tengani ntchito imene anzanu akuikana: kutenthetsa goloboyi m'chisanu cha mu Juni pa Mzuzu Stadium, kuyankhula ndi mnyamata amene waphonya penote. Ukochi umayambira pomwepo, kudziwa mmene munthu aliyense amamvera mawu.

Mukasiya kusewera, musayembekezere timu yaikulu msangamsanga. Bochy anayamba mu 1989 ndi matimu a m'maligi aang'ono, ndipo San Diego inamupatsa timu yonse mu 1995. Cash anayamba ndi kufufuza kaseweredwe ka adani, kenako zaka ziwiri akuyang'anira oponya olowera ku Cleveland, asanatenge Tampa Bay Rays mu 2015.

Chovuta china n'chakuti mudzalamulira anzanu amene munkadya nawo mbale imodzi. Ross anatenga Cubs mu 2020 muli anzake amene anapambana nawo chikho cha 2016, ndipo anachotsedwa mu 2023. Ubwenzi suteteza ntchito, choncho uzani anzanuwo poyera tsiku loyamba kuti wojomba kokonzekera sasewera, kaya ndi ndani.

Kwa ife a mpira wamiyendo, FAM ikalengeza maphunziro a makochi lembetsani mukadali wosewera. Pakadali pano pemphani aphunzitsi aakulu a sukulu ya pulayimale ya m'dera lanu, kaya ku Chiputula kaya ku Luwinga, akupatseni timu ya ana masana awiri pa sabata, ndipo kope lija mupite nalo.